Nkhuku za Koen Vanmechelen ndi Luso Losakaniza Mitundu

Koen Vanmechelen, katswiri wa zaluso yemwe anabadwa mu 1965 ku Sint-Truiden m'dziko la Belgium, anasankha nkhuku yamoyo kukhala chipangizo chake chachikulu, ndipo kuyambira kumapeto kwa zaka za m'ma 1990 wakhala akukweretsa nkhuku za maiko osiyanasiyana pa ntchito yomwe anaitcha Cosmopolitan Chicken Project. Anayamba ndi Mechelse Koekoek, nkhuku yamawangamawanga ya kwawo, yomwe anaikweretsa ndi Poulet de Bresse ya ku France, ya nthenga zoyera, lipombo lofiira ndi miyendo yabuluu, mitundu yomwe Afalansa amanyadira poti ndi ya mbendera yawo. Anapiye ataswedwa n'kukula anakumanitsidwa ndi Redcap ya ku England, kenako Jersey Giant ya ku America, ndipo m'mibadwo yotsatira munalowanso magazi a Fayoumi ya ku Egypt ndi nkhuku ya ku Senegal.

Mphamvu ya lusoli yagona pa kugonja kwa mmisiri, pakuti wosema ziboliboli amadziwa tsiku lomwe amalize ntchito yake, pomwe Vanmechelen amangosankha tambala ndi thadzi, ndipo maonekedwe a chomwe chituluke m'dzira samawalamulira. M'zionetsero zake muli makola a nkhuku zamoyo, makina oswetsera mazira, mazira agalasi, komanso zithunzi zikuluzikulu za mitu ya atambala ojambulidwa mwaulemu ngati mafumu, kotero kuti woonera amakakamizika kuyang'ana diso la mbalame yomwe anazolowera kuiona m'mbale. Chomwe Vanmechelen akutsutsa n'chakuti pali mtundu wangwiro, chifukwa nkhuku zonse zoweta zinachokera makamaka ku nkhuku yam'tchire ya ku Asia, ndipo mitundu yomwe maiko amati ndi yawoyawo inapangidwa ndi anthu poikweretsa pachibale mpaka kuifooketsa.

Mlimi wa ku Malawi sangadabwe kwambiri ndi phunziroli. Nkhuku za Mikolongwe, zomwe ndi za mtundu wakuda wa Black Australorp, zakhala zikufalitsidwa m'midzi kwa zaka zambiri kuti zisakanikirane ndi zachikuda n'kuonjezera mazira ndi nyama, ndipo pabwalo limodzi kameta wopanda nthenga m'khosi ndi kansilanga wa nthenga zonyankhalala amakwerana popanda wowasankhira. Mu 2016 mmisiriyu anafika pafupi ndi moyo umenewu pamene anaonetsa Planetary Community Chicken ku National Gallery of Zimbabwe mu mzinda wa Harare, mogwirizana ndi Chido Govera, mayi wodziwika ndi ulimi wa bowa, ndipo apa ntchitoyo inalemera chifukwa nkhuku inayamba kuyesedwanso ndi mazira omwe ikuikira banja.

Komabe chofooka cha lusoli n'chachikulu ndithu. M'badwo uliwonse umatchedwa ndi dzina loyamba la Mechelse, kotero kuti ngakhale magazi achuluke bwanji, tsinde limakhalabe ku Belgium ndipo Africa amangolowa ngati mlendo woitanidwa. Komanso kuyerekeza anthu ndi ziweto kuli ndi mbiri yowawa kwa omwe anayezedwapo mitu ndi atsamunda, ndipo kusakanikirana kwa anthu kulibe woweta wokoma mtima wotsegula khola. Mwachitsanzo, mwana wa Amalawi wobadwira ku Swords, tauni yoyandikana ndi bwalo la ndege la Dublin, amayankhula Chingerezi cha ku Ireland kusukulu n'kumadya nsima madzulo, koma kuchokera pa riferendamu ya 2004 kubadwira m'dzikomo pakokha sikumupatsa unzika, ndipo tsogolo lake limadalira zaka zomwe makolo ake akhalamo movomerezeka. Luso la Vanmechelen limafotokoza bwino za magazi ndi nthenga, koma malamulo, ziphaso ndi malire zomwe zimalamulira kukumana kwa anthu limazikhudza pang'ono chabe.