Bambo Atamwalira, Ndani Apereke Mkwatibwi?

M'maparishi a m'maboma a Machinga ndi Balaka, monganso kwina m'Malawi muno, wansembe amene akukonzekeretsa anthu awiri ku Sakramenti la Ukwati amakumana kawirikawiri ndi funso ili kuchokera kwa abale a mkazi: popeza bambo wa mwanayu adatisiya, ndani adzamugwire dzanja polowa m'tchalitchi ndi kukamupereka kwa mwamuna wake? Ambiri a ife timayankha msanga kuti banja lisankhe mwamuna wina aliyense woimira malemuyo, ndipo timayesa kuti nkhani yatha. Ife tikuona kuti yankho limeneli ndi lofooka, pakuti limavomereza funso limene tikadayenera kuyamba talifufuza.

Tiyambe ndi buku lathu lomwe. Mwambo wa ukwati wa Eklezia ya Roma, umene udatuluka mu 1969 ndi kukonzedwanso mu 1990, ulibe malo pamene wansembe amafunsa za munthu wopereka mkazi. Ponena za kulowa m'tchalitchi, bukuli limaika otumikira patsogolo, kenaka wansembe, kenaka mkwati ndi mkwatibwi, ndipo limalola kuti, potsata chizolowezi cha dziko, makolo ndi mboni ziwiri aperekeze awiriwo. Onani kuti akutchulidwa ndi makolo a mbali zonse, ndipo ntchito yawo ndi kuperekeza. Funso lofuna wopereka mkazi limapezeka m'buku la mapemphero la Mpingo wa Anglican, Book of Common Prayer, kuyambira mu 1549, ndipo lidazika mizu m'dziko limene mwana wamkazi ankachoka m'manja mwa bambo wake kulowa m'manja mwa mwamuna wake. Kuno lidafika pamodzi ndi diresi loyera ndi keke, ndipo zithunzi za kanema zidalilimbikitsa. Lamulo la Eklezia la 1983 likunena momveka pa kanoni 1057 kuti chimene chimapanga ukwati ndi kuvomerezana kwa awiriwo, ndipo palibe mphamvu ya munthu wina imene ingalowe m'malo mwa kuvomera kumeneko. Kanoni 1108 imafuna wansembe kapena dikoni wololedwa, ndi mboni ziwiri. Za wopereka palibe.

Nanga mwambo wa makolo ukuti chiyani? Kwa Mposa, pakati pa mapiri a Chikala ndi nyanja ya Chilwa, kumene anthu amadalira mpunga ndi usodzi, Ayao, Alomwe ndi Anyanja onse amawerenga mtundu potsata mayi. Mwamuna amakakhala kwa mkazi monga mkamwini, ndipo ana ndi a mbumba ya kuchikazi. J. Clyde Mitchell, m'buku lake la 1956 lotchedwa The Yao Village, adafotokoza bwino za mlongo wamwamuna amene amayang'anira alongo ake ndi ana awo, amene Ayao amamutcha asyene mbumba, ndiponso za anamangoswe, amene ife timati ankhoswe. Ukwati umamangidwa pamene ankhoswe a kuchimuna ndi a kuchikazi akumana ndi kugwirizana. Iwowa ndiwo amaitanidwa mwana akadwala, ndiwo amakhala pansi banja likagwedezeka, ndiwo amayankha pabwalo la mfumu. Pa chinkhoswe, nkhuku zija zimasinthanitsidwa m'manja mwa ankhoswe. Bambo wobereka amangokhala phee pampando wake, wolemekezeka koma wosalankhula. Midzi imene Mitchell adaiona ndi ya zaka za m'ma 1940, ndipo zambiri zasintha, koma unkhoswe udakali wamoyo, ndipo wansembe aliyense amene waweruzapo mlandu wa banja kumeneko akudziwa kuti sangapite patali popanda amalume.

Motero imfa ya bambo siisiya mpata m'buku la Eklezia, ndipo siisiya mpata m'mwambo wa kumudzi. Mpata umaoneka m'kachitidwe kobwereka kokha. Tsono pofuna kutseka mpata umenewu timayambitsa milandu imene kunalibe. Bambo wamng'ono wa mkwatibwi amati malo a mkulu wake ndi ake. Amalume amati mwanayu ndi wa mbumba yawo, ndipo sangaperekedwe ndi mlendo. Mayi wamasiye, amene walera mwanayo yekha ndi ganyu ndi geni ya matemba, palibe amene amamufunsa. Pena zimachitika zowawa kuposa apa. Tonse tikudziwa za mchitidwe wolanda chuma cha amasiye, umene lamulo la boma la 2011 lokhudza chuma cha anthu omwalira limauletsa ndi kuuika m'gulu la milandu. Si chachilendo kuti munthu yemwe uja adanyamula njinga ndi malata pa tsiku lometa maliro, ndiye amene adzavale suti ndi kuyenda ndi mwana wamasiye kupita naye ku guwa. Wansembe amene walola zimenezi osafunsa kanthu wadalitsa bodza pamaso pa mpingo wonse, ndipo amayi a mumphakati, amene amadziwa zonse, amangoyang'ana pansi.

Komabe tisathamangire mbali inayo. Pali ena pakati pathu, makamaka achinyamata okonda mawu akuti chikhalidwe chathu, amene amati popeza kwathu kuno mkamwini ndi mlendo, ndipo mlendo ndi mame, imfa ya bambo ilibe kanthu pa ukwati wa mwana wake. Maganizo amenewa sitigwirizana nawo. Mwambo wa chikamwini udali ndi chilema chake, ndicho kupeputsa ubambo, ndipo Uthenga Wabwino sudabwere kudzasindikiza chilema chilichonse chifukwa choti ndi cha makolo. Ndiponso bambo wa masiku ano ndiye amene nthawi zambiri amalipira sukulu, amapita ndi mwana kuchipatala, amamuphunzitsa kupemphera. Mtsikana akamafunsa za womugwira dzanja, nthawi zambiri sakufunsa za lamulo ayi. Akulira bambo wake, ndipo akuopa kuti tsiku lonse lidzatha dzina lawo osamveka. Kumuyankha ndi phunziro la chikamwini ndi kumupatsa mwala pamene wapempha chakudya.

Malembo Oyera ali ndi chitsanzo chimene sitichigwiritsa ntchito mokwanira. Pa Genesis 24, mtumiki wa Abrahamu atafika kukafunsira Isaki mbeta, Rebeka adathamangira kunyumba kwa mayi wake, ndipo amene adatuluka kukalandira mlendoyo ndi mlongo wake Labani. Betuele, bambo wake, amangotulukira kamodzi pa zokambiranazo. Mphatso zidapita kwa mlongo ndi kwa mayi, ndipo awiri omwewa ndiwo adapempha kuti mtsikanayo abakhala masiku angapo. Josephus, wolemba mbiri ya Ayuda, adafika ponena kuti Betuele adali atamwalira kale. Potsiriza adaitana Rebeka mwini wake namufunsa ngati akufuna kupita, ndipo iye adavomera ndi pakamwa pake. Mkhristu wa kwa Mposa akamva nkhani imeneyi safuna womumasulira: akuona mwini mbumba, akuona mayi, akuona mtsikana akufunsidwa. Ngakhale pa ukwati wa ku Kana, pa Yohane 2, tikuona Mayi Maria ali pakati pa zochitika, pamene Yosefe satchulidwa konse.

Msonkhano wachiwiri wa ku Vatican, m'chikalata chake cha 1963 chonena za Liturujiya, pa nambala 77, udapereka ufulu kwa maepiskopi a dziko lililonse kuti akonze mwambo wa ukwati wogwirizana ndi anthu awo, malinga wansembe afunse ndi kulandira kuvomera kwa awiriwo. Koma pa nkhani yathuyi sitisowa kudikira buku latsopano, pakuti limene tili nalo likutilola kale. Mkwati ndi mkwatibwi alowe pamodzi, kapena aliyense ndi abale ake. Mayi wamasiye ayende pambali pa mwana wake, ndipo azakhali kapena bambo wamng'ono amene adasunga ubale angathe kutsagana nawo, kuti a kuchimuna kwa malemu asaoneke ngati otayidwa. Ankhoswe ndiwo akhale mboni ziwiri zija, m'malo mwa anzawo a kusukulu amene amasankhidwa chifukwa suti ikuwakhala bwino, ndipo pakatha chaka sadziwikanso kumene ali. Pano padzauka funso lakuti amalume ambiri a m'dera limeneli ndi Asilamu. Lamulo la Eklezia yonse silifunsa chipembedzo cha mboni ya ukwati, monga limafunsira pa woimira mwana pa ubatizo. Mboni iyenera kungokhala munthu wozindikira, wokhoza kuchitira umboni zimene waona ndi kumva. Pokhapokha ngati dayosizi idaika malangizo ake, sitiona chifukwa chokankhira kunja munthu amene banjalo lidzathamangira kwa iye tsiku la mavuto.

Ndipo bambo womwalirayo ali ndi malo ake enieni, oposa a munthu womuimira. Dzina lake litchulidwe m'mapemphero a akhristu onse, litchulidwenso pamene wansembe akumbukira akufa m'Pemphero la Ukaristia. Ife amene timakhulupirira umodzi wa oyera sitiyenera kuchita ngati munthu wakufa wasowa ndipo pafunika wina wovala nkhope yake. Mabanja ena angakondenso kupereka Misa ya malemuyo dzulo lake la ukwati, ndi kukaima pamanda, kuti misozi ikhale ndi tsiku lake.

Chatsala ndi nthawi. Bambo akamwalira zokonzekera zili mkati, abale amaimitsa ukwati mpaka miyambo ya maliro ithe, ndipo kuteroko ndi ulemu woyenera. Eklezia payokha imaletseratu kudalitsa ukwati pa Lachisanu Loyera ndi Loweruka Loyera basi. Choopsa nchakuti kudikira kwa miyezi kumasanduka kwa zaka, pakuti amene akadagula mbuzi ndi mpunga wa phwando ndi amene wagona kumanda. Awiriwo amayamba kukhalira pamodzi chinkhoswe chitachitika, ana amabadwa, ndipo onse awiri amaleka kulandira Ukaristia chifukwa cha phwando limene palibe adzalilipire. Bambo mfumu amene wapita kukaika maliro otere azifunsa ankhoswe, asanabalalike, tsiku limene adzabwere ku parishi kudzakambirana za ukwatiwo, ndipo awauze poyera kuti ungadalitsidwe pa Misa ya m'mawa, pamaso pa mayi, ankhoswe ndi akhristu a mumphakati.