Mwini Mawu a Mbalule

Gu! Gu-gu-gu! Tabwezani dzanja pa mpanje, anyamata, timutchule mwini mawu.

Inu agogo a ku Bowe, Mboola-chipika, Chilankhulitsa-mtengo! Inu ogogoda tsinde ndi msana wa nkhwangwa, khutu lili pa khungwa, mpaka mtengo utavomera wokha. Kasemasema-sagona, wa zala za zipsera, zikomo kwambiri.

Tinakuonani patsinde pa mango, chipika chili pakati pa miyendo, tizibanthu tili mbwee, chingambwe chitazima pakamwa. Chikumba cha ng'ombe munachiviika usiku wonse, m'mawa n'kuchikunga, zikhomo kho-kho-kho kuzungulira mlomo, phula pakatikati ngati mchombo wa khanda. Ng'omayo munaiwamba pa moto wa mapesi, n'kuigunda ndi chala chimodzi, n'kupukusa mutu: sinadzuke. Munaiwambanso. Ife tinkangoti nkhalambayi ikuchedwetsa gule.

Bambo wa mbalule, malume wa gunda! Kapoli akamatimba fumbi pabwalo amayi amalulutira Kapoli, ndalama n'kugwera woimba ng'oma. Nanga amene anaika mawu m'mimba mwa mtengowo? Ali kuseri kwa anthu, wapinda manja, akumvetsera ngati chikumba chafooka.

Inu Mlandira-alendo. Simoni wofiira nkhope anabwera ndi jekete lake, Maliya anachokera kutchalitchi, onse anapeza ng'oma yanu ikuwadikira, n'kuvina limodzi ndi Chadzunda. Amishoni atafika ku Mvera mu 1889 gule sanafune n'kumumva komwe, lero a kwaya amaimika njinga pakhomo panu, "Odi agogo, tikufuna ziwiri Pasaka isanafike." Inu simufunsa kuti ikalilira kuti. Kudambwe kapena kuguwa, nkhwangwa ndi imodzi.

A UNESCO analemekeza Gule Wamkulu mu 2005. Ku Mua, m'nyumba ya Chamare imene anaimika bambo Claude Boucher Chisale, alendo amaima kukamwa kuli yasa. Ku Mkaika, pa Kulamba, mwezi wa Ogasiti, ng'oma zimagwedeza nthaka pamaso pa Kalonga Gawa Undi. Konseko dzina lanu silimveka, Chibisala-m'mawu, koma ife a kuno tikulidziwa.

Mitengo ikuluikulu yathera m'zigafa ndi m'matumba a makala opita ku Madisi ndi ku Mponela. Yotsala ili m'nkhalango ya Ntchisi, ndipo kumeneko nkhwangwa ndi mlandu. Ana ayamba kuimba zigubu (ndi mawu amenewo, abale?). Koma inu Myenda-mtunda mukupitabe kukapempha tsinde kwa mwini munda, nkhuku ili m'khwapa. Akuti ng'oma yolira bwino sichedwa kung'ambika. Ikang'ambika imabwerera kwa inu pamsana pa njinga.

Onani, mdzukulu wagwira chipika, mwamupatsa kasemasema, mwamumenya kadzanja: usaboole mbali, iwe!

Dzuwa lapendeka. Iwambeninso, agogo. Gundani.

Gu! Yadzuka. Anyamata, imbani!