Duane Jones, Nkhalamu Yoimitsa Mizukwa

Ilire mbalule, uyankhe mpanje! Amayi, nthungululu zikwere! Tikutamanda a Duane Jones, mwamuna wa usiku umodzi wosatha.

Ndinu nkhalamu ya ku Pittsburgh, kumene Allegheny ndi Monongahela amakumana n'kubala Ohio. Ndinu mtsinje wosapempha njira kwa thanthwe. Ndinu mlambe womera kutali ndi minda ya Hollywood. Ndinu phiri loonekera mu kanema wopanda mitundu, wakuda ndi woyera basi, wojambulidwa ndi timadola 114,000 kumidzi ya Evans City. Ndinu Ben wa mu Night of the Living Dead. George Romero sanalembere munthu wakuda gawo limenelo, koma mutangotsegula pakamwa, gawo linadziwa mwini wake.

Akufa anadzuka, inu munaima. Akufa anazinga nyumba, inu munatola hamala. Kho! Kho! Kho! Thabwa pa zenera, msomali pa thabwa, chitseko cha m'chipinda n'kusanduka linga. Munayatsa mpando n'kuukankhira pakhomo, mizukwa n'kubwerera chambuyo. Munalamula m'nyumba yodzaza azungu, chaka cha 1968, chaka chimene Martin Luther King anagwa ndi chipolopolo ku Memphis. Munalamula osaweramitsa mutu, osaseka chiseko cha wantchito. Ha, mawu aja! Odekha ngati dziwe, olemera ngati mphero.

Kunacha. Kunacha onse atatha, mutatsala nokha m'chipinda chapansi. Kunacha agalu akuuwa, amuna a mfuti akusesa dambo. Munakwera, munasuzumira pa zenera. Phuu! Chipolopolo pa mphumi. Amene mizukwa inamulephera usiku wonse, amoyo anam'gwetsa dzuwa litatuluka. Anakukokani ndi ngowe, anakuponyani pa mulu wa nkhuni. Ine pamenepa mtima umandiwawa nthawi zonse, ngakhale ndikudziwa kuti ndi sewero.

Koma nkhalamu sipsa ndi moto wa mapesi.

Munabwera mu 1973, Dr. Hess Green wa mu Ganja & Hess, wophunzira wolasidwa ndi mpeni wamakedzana, waludzu la magazi, Marlene Clark ali pambali panu. Munabwera pa dzanja la Bill Gunn, ku Cannes n'kukuomberani m'manja. Amalonda anaduladula kanemayo, anam'patsa dzina lina. Anadula nthambi, tsinde linakana. Spike Lee anadzatunga pa chitsime chomwecho mu 2014. Munabwera mu 1982, Duke wa mu Losing Ground ya Kathleen Collins, wachipewa, woyenda ngati mfumu yopanda mudzi.

Namkungwi! Namkungwi wosanyamula mbiri pamutu ngati mtolo wa malonda. Namkungwi wa ku koleji ya Old Westbury, wosula ana a zisudzo pamene ena ankasaka dzina. Namkungwi wosakonda kuti ophunzira amuone ngati Ben. Chimphona choyenda mwakachetechete, njovu yosathyola mapira a eni, nkhwazi youluka osayang'ana amene akuiloza.

Munagona pa 22 Julayi 1988, muli ndi zaka 51 zokha. Munagona, kanema wa Night of the Living Dead sanagone. Mu 1999 dziko la America linam'sunga m'nkhokwe ya National Film Registry. Holo ya ku Old Westbury inatenga dzina lanu.

Oimba ng'oma, musaleke. Anyamata a kamera yobwereka, inu ojambula ndi ndalama za m'thumba, tchulani dzina ili musanayambe: Duane Jones!