Kodi Malamulo a Kalembedwe Akhudze Mayina a Anthu?

Kuyambira pomwe Bungwe la Chichewa linatulutsa malamulo a kalembedwe mu 1973, ndi kuwaunikanso mu 1980 ndi 1990, alembi ndi akonzi akhala ndi muyeso wodziwira ngati liwu lalembedwa bwino. Muyesowu wathandiza kwambiri. Komabe pali gulu limodzi la mawu lomwe lazunzika m'manja mwa anthu okonda malamulo, ndilo mayina a anthu. M'mabuku, m'nyuzipepala ndi m'makaundula a m'sukulu mukuoneka chizolowezi chotenga dzina la munthu ngati liwu wamba, kulikonza ndi kulitanthauzira osafunsa komwe linachokera. Chizolowezi chimenechi n'choyenera kudzudzulidwa, ndipo chimaonekera m'njira zitatu.

Njira yoyamba ndi yokonza dzina motsata lamulo. Malamulo anachotsa bv ndi pf, kotero kuti kumalembedwa vuto m'malo mwa bvuto ndi fupa m'malo mwa pfupa. Mkonzi akaona dzina la Mabvuto kapena Mbvundula dzanja limamuyabwa, ndipo amafufuta b uja poganiza kuti akuthandiza. Koma mwana amene kaundula wa sukulu akumutcha Mavuto, pomwe chiphaso chake chikuti Mabvuto, wasanduka anthu awiri pamaso pa boma. Ululu wake amadzaumva tsiku lokatenga satifiketi, pasipoti kapena ndalama za penshoni. Ena amati boma linakonza Cholo kukhala Thyolo, Mlanje kukhala Mulanje ndi Kota Kota kukhala Nkhotakota, nanga mayina a anthu alekerenji? Yankho n'lakuti dzina la malo ndi la dziko lonse, ndipo boma lili ndi mphamvu yolisintha. Dzina la munthu lili ndi mwini wake.

Izi sizikutanthauza kuti kalembedwe kalikonse kakale n'kolondola. Mlembi wa Nthondo ndi Mbiri ya Achewa amadziwika m'mabuku a Chichewa kuti Nthara. Pomwe T. Cullen Young anamasulira Nthondo m'Chingerezi, buku lomwe linatuluka mu 1934 ndi mutu wakuti Man of Africa, dzinali linalembedwa kuti Ntara. Lembo la h m'Chichewa lili ndi ntchito yake, pakuti ndi lomwe limasiyanitsa kola ndi khola, ndiponso pala ndi phala. Chifukwa cha lembo limodzilo, wophunzira wofuna mabuku a mkuluyu ayenera kuwafufuza pa mayina awiri. Apa mkonzi alembe Nthara, ndipo atchule kamodzi kuti mabuku a Chingerezi amati Ntara.

Njira yachiwiri ndi yoipitsitsa, ndiyo yopereka tanthauzo la dzina mongomvera kamvekedwe kake. Mayina ambiri a Chichewa amadzimasulira okha. Mphatso, Chisoni, Masiye ndi Limbani amanena zomwe zinali m'mitima mwa makolo pa nthawi yomwe mwana anabadwa. Ichi chanyenga alembi ena, mwakuti ayamba kuganiza kuti dzina lililonse lomveka m'Malawi lingamasuliridwe m'Chichewa. Akaona mfunda wa Moyo amati ndi moyo wotsutsana ndi imfa, pomwe pakati pa Ashona a ku Zimbabwe, komwe mfundawu ndi waukulu, moyo ndi mtima. Wodziwa Chiswahili pang'ono amati Tembo ndi njovu, koma kwa Ashona omwewo Tembo ndi mfunda wa mbidzi.

Mayina a Angoni ndi umboni wina. Gulu la Zwangendaba litawoloka Zambezi mu 1835, linabwera ndi mayina a kummwera. Nyoni ndi mbalame, Nkosi ndi mfumu, Ndhlovu ndi njovu. Malembo a dhl ndi kalembedwe kakale ka Chizulu, komwe tsopano amalemba dl, ndipo q wa m'dzina la Nqumayo amaimira liwu lothethetsa lilime lomwe m'Chichewa mulibe. Jere ndi Jele wa kummwera amene lilime la kuno linamupatsa r. Malembo achilendowa ndi mapazi osonyeza njira yomwe banja linadzera. Mkonzi wosandutsa Ndhlovu kukhala Njovu wafufuta mapaziwo, ngakhale nyamayo ndi imodzimodzi.

Momwemonso mayina obwera ndi zipembedzo ndi malonda. Pakati pa Ayao, Juma ndi Hamisi anachokera ku mawu a Chiarabu otchulira Lachisanu ndi Lachinayi, ndipo Rajabu ndi dzina la mwezi pa kalendala ya Chisilamu. M'chigwa cha Shire, Zuze ndi José wa Chipwitikizi, Juwawo ndi João. Amishoni a ku Scotland atakhazikitsa Livingstonia mu 1875 ndi Blantyre mu 1876, ziwongo zawo zinasanduka mayina oyamba a ana a kuno. Kwawo Wilson ndi mwana wa Will ndipo McDonald ndi mwana wa Donald, koma m'Malawi mayinawa amaperekedwa kwa mwana aliyense. Amalawi anapitiriza pawokha, kupanga mayina monga Lackson ndi Fackson potengera mathero a -son aja. Dzina la mtsogoleri woyamba wa dziko lino likuonetsa magwero atatu pamodzi: Hastings ndi chiwongo cha ku Britain, Kamuzu ndi muzu waung'ono, ndipo Banda ndi umodzi mwa mifunda iwiri ikuluikulu ya Achewa. Mphunzitsi wonena kuti mayina onsewa ndi "achizungu" kapena "achikuda" basi, wamana ana phunziro la mbiri lomwe lili m'kaundula wa kalasi yake yomwe.

Njira yachitatu ikukhudza timawu taulemu totsogola pa dzina. Naphiri, Nabanda ndi Nambewe ndi matchulidwe a mayi potsata mfunda wake, monga momwe Atumbuka amanenera Nyagondwe. Kwa Ayao, Abiti anachokera ku binti, kutanthauza mwana wamkazi wa uje, ndipo Che ndi ulemu. Alembi ena a nthano amapatsa mpangankhani wamwamuna dzina la Naphiri, ena amalemba Abiti palokha ngati dzina lobadwa nalo. Wowerenga wa ku Mangochi akaona zotere amadziwa msanga kuti mlembiyo akulemba za anthu omwe sanakhalepo nawo.

Choncho alembi, akonzi ndi aphunzitsi asunge mfundo izi. Dzina la munthu weniweni lilembedwe monga mwini wake amalilembera. Dzina la mpangankhani wopeka, lomwe mwini wake ndi mlembi, litsate malamulo a kalembedwe ngati lili la Chichewa, ndipo ligwirizane ndi mtundu ndi dera la mpangankhaniyo. Tanthauzo la dzina lisalembedwe m'buku pokhapokha chiyankhulo chomwe dzinalo linachokera chadziwika, ndipo akuluakulu a mfundawo afunsidwa. Kufunsaku kumachedwetsa ntchito pang'ono, koma akale anati safunsa anadya phula.