Nsanja za Ayezi pa Phiri la Erebus

Pachilumba cha Ross ku Antarctica pali phiri lophulika lotchedwa Erebus, lalitali mamita 3,794. James Clark Ross analiona likufuka mu 1841 ndipo analipatsa dzina la imodzi mwa sitima zake. Pansonga pake pali chidzenje, ndipo pansi pa chidzenjecho pali dziwe la chiphalaphala chamoto lomwe asayansi akhala akuliona likuwira kuyambira m'ma 1970. Kutentha kwake kumafika madigiri pafupifupi 1,000.

Ambiri amagoma ndi dziwelo, koma ine luso la phirili ndimaliona m'mbali mwake, momwe mwaima nsanja za ayezi.

Ntchito imayambira pansi. Mpweya wotentha ndi nthunzi zimakwera m'ming'alu ya miyala mpaka kukagunda ayezi amene anakuta phirilo. Pamenepo zimasungunula pang'onopang'ono, kuchokera pansi, mpaka kusema phanga. Nthunzi ija ikapeza kabowo kotulukira imakumana ndi chisanu cha madigiri 20 kapena 30 pansi pa ziro, ndipo siipita patali, imaundana pomwepo pamlomo pa kabowoko. Yobwera pambuyo imadutsa pakati n'kukaundana pamwamba pa inzakeyo. Khoma limakwera choncho, kachidutswakachidutswa, monga chimakwerera chulu, mpaka nsanja zina kupitirira mamita 10.

Taonani mmene moto ndi chisanu zagawanirana ntchito. Kutentha kumasunga njira ya m'kati kuti isatsekeke, kuzizira kumalimbitsa khoma kunja. Kutentha kukanyanya khoma limasungunuka n'kugwa. Mng'alu ukaleka kupuma, nsanja imaleka kukula ndipo mphepo imayamba kuiperesa. Nsanja iliyonse yomwe yaima ndiye kuti ziwirizi zakwanirana ndendende.

M'mapanga a pansi pake, kuwala kwa dzuwa kumalowa mobiriwira pomwe denga lapyapyala. Ena mwa mapangawa ndi ofunda mpaka madigiri 25, ndipo m'dothi lake mumakhala tizilombo tosaoneka ndi maso.

Nalo dziwe lija silikhala chete. Thovu lalikulu la mpweya likakwera limaphulika n'kuponya zibuma za chiphalaphala kunja kwa chidzenje. Zibumazo zikazizira zimakhala zofumbutuka, ndipo mphepo ikazisadzula mumatsala timiyala tolimba totchedwa anorthoclase, tomwe tinakhwimira m'moto momwemo. Timiyalati tangoti mbwee kuzungulira nsonga yonse ya Erebus, tina totalika ngati chala cha munthu.