Dolly Rathebe: Anampatsa Nyimbo, Nammana Mawu

Nkhani ya mnyamata wochoka kumudzi kunka kumwera kukafuna ntchito si yachilendo m'dziko muno. M'chigwa cha Domasi, monganso m'maboma ena, alipo mabanja ambiri amene makolo awo anapita ndi Wenela ku migodi ya ku Joni. Ndipo Samuel Ntara anailemba kale nkhani yamtunduwu m'buku lake la Nthondo m'chaka cha 1933. Chotero kanema wa Jim Comes to Jo'burg, amene Donald Swanson anajambula m'chaka cha 1949, ayenera kuweruzidwa ndi anthu oidziwa njirayo. Koma woyenera kumuyang'anitsitsa m'kanemayo si Jim ayi, ndi mtsikana woimba uja.

Mtsikanayo ndiye Dolly Rathebe, amene dzina lake lakubadwa linali Josephine Malatsi. Anabadwira ku Randfontein m'chaka cha 1928, nakulira ku Sophiatown. Anali wa zaka 21 pamene anasewera ngati Judy, woimba m'nyumba ya dansi. Mbiri yake inawanda msanga, pakuti anthu akuda anali asanazolowere kuona mkazi wamtundu wawo atakhala mwini chithunzi, wosati wantchito wonyamula tiyi.

Komatu kanemayo ali ndi chilema chachikulu. Jim ali ndi ulendo wake: afika mumzinda, aberedwa, afunafuna ntchito, napambana potsiriza. Judy alibe ulendo. Aimirira, aimba, amwetulira, basi. Za mumtima mwake woonera sauzidwa. Ndiponso boma la tsankho linali litayamba kulamulira m'chaka cha 1948, koma Joni wa m'kanemayo alibe ukali umene mtchona aliyense ankausimba pobwera, ukali wa chitupa ndi wa apolisi. Dolly mwini anaulawa ukaliwo: apolisi anamgwira pamodzi ndi Jürgen Schadeberg, Mzungu wojambula zithunzi za magazini ya Drum, powaganizira kuti aswa lamulo loletsa chikondi pakati pa oyera ndi akuda. Moyo wake unali ndi nkhani yoposa imene anampatsa kuti asewere.

Atasewera mu The Magic Garden m'chaka cha 1951, khomo linatsekeka. Kuyambira 1954 anayenda ndi gulu la African Jazz and Variety la Alf Herbert, pambuyo pake naimba ndi Elite Swingsters. Boma linayamba kugwetsa Sophiatown m'chaka cha 1955. Wailesi yakanema inafika mochedwa ku South Africa, m'chaka cha 1976, iye ali ndi zaka 47. Zaka zimene wosewera amakhwimiramo zinampitirira chomwecho.

Luso lake lenileni linaoneka atakula. Mu Mapantsula, kanema wa Oliver Schmitz wa 1988, iye ndi Ma Modise, mayi wobwereketsa chipinda kwa mbava ija Panic. Apa saimira kukongola ayi. Akalipira lendi, adzudzula, navutika mtima pamene apolisi amtengera mwana wake. Mu Cry, the Beloved Country wa 1995 ndi mkazi wa mbusa Kumalo, wotsala kumudzi pamene onse apita ku Joni, chimodzimodzi akazi a matchona a kuno. Amene poyamba anali chokometsera cha mzinda anatsiriza posewera mayi amene mzindawo unamlanda mwana. Anamwalira m'chaka cha 2004.

Phunziro lake ligwera aphunzitsi amene amalemba masewero a Chichewa m'sukulu. Kawirikawiri mnyamata ndiye apatsidwa mlandu, ulendo ndi mawu otsiriza, mtsikana napatsidwa nyimbo ndi mtsuko. Wolemba wotere achita zimene Swanson anachita. Ngati Dolly Rathebe anadikira zaka 37 kuti apatsidwe mawu omuyenera, mtsikana wa Sitandade 7 asadikire chomwecho. Mlembereni mawu ake teremu ino.