Mwala Kapena Khamu? Kuunika Buku la Chenoweth ndi Stephan

Funso la momwe anthu wamba angasinthire ulamuliro umene wawatopetsa ndi lakalekale, ndipo limagawa anthu pawiri. Ena amati wolamulira wouma mtima samva chinenero china koma cha mfuti ndi moto. Ena amati mwazi ukakhetsedwa subala ufulu, umabala mwazi unzake. Kwa nthawi yaitali aliyense ankangotola chitsanzo chomukomera: uyu atchula Gandhi, uyo atchula nkhondo ya ufulu ya ku Algeria. Mu 2011 akatswiri awiri a ku America, Erica Chenoweth ndi Maria Stephan, adatulutsa buku lotchedwa Why Civil Resistance Works, momwe adayesa kugamula mkanganowu ndi ziwerengero. Bukuli ndi lofunika, koma tiyenera kulipanikiza ndi mafunso.

Olembawo adasonkhanitsa magulu 323 amene adalimbana ndi maboma pakati pa 1900 ndi 2006, pofuna kugwetsa wolamulira, kuthamangitsa atsamunda kapena kudzipatula. Adapeza kuti mwa magulu osagwiritsa ntchito zida, 53 pa 100 alionse adapambana, pamene mwa magulu onyamula zida adapambana ndi 26 okha. Chenoweth adafotokozapo kuti poyamba kafukufukuyu ankakhulupirira kuti zida ndizo zimagwira ntchito, ndipo ziwerengerozo zidamutsutsa.

Mphamvu ya bukuli ili pa chifukwa chimene likupereka. Silikunena kuti olamulira ankhanza amagwidwa ndi chisoni akaona anthu ofatsa. Likunena za kuchuluka kwa anthu. Nkhondo ya m'tchire imafuna anyamata anyonga, okonzeka kupha ndi kuphedwa. Koma kunyanyala ntchito, kutseka sitolo, kukana kugula katundu kapena kuyenda pamsewu angathe mayi wapamsika, mphunzitsi, nkhalamba ndi wophunzira. Khoka sakoka munthu mmodzi. Khamu likakula, msilikali amayamba kuona mlongo wake kapena mnansi wake pakati pa anthu amene wauzidwa kuti awombere, ndipo apa m'pamene mizati ya boma imagwedezeka. Ku Philippines mu 1986 Ferdinand Marcos adagwa pamene asilikali ena adamugalukira ndipo khamu la anthu lidatsekereza akasinja m'misewu ya Manila. Ku Burma mu 1988 anthu adatulukanso ochuluka, koma asilikali sadagawanike. Adawombera, ndipo ulamuliro wawo udapitirira. Bukuli silibisa kulephera kumeneku, ndipo tikuliyamikira pa chilungamo chimenecho.

Komabe tili ndi zifukwa zitatu zosalandirira ziwerengerozi ngati mawu otsiriza. Choyamba ndi malire amene olembawo adalemba pakati pa zida ndi mtendere. Gulu lililonse adaliika mbali imodzi potengera njira imene lidagwiritsa ntchito kwambiri. Koma taonani South Africa. N'zoona kuti kunyanyala ntchito, kukana kulipira lendi m'malokeshoni ndi zilango za mayiko akunja zidafooketsa tsankho. N'zoonanso kuti gulu la zida la uMkhonto we Sizwe lidalipo kuyambira 1961. Tingadziwe bwanji gawo la aliyense pa chipambano cha 1994? Chiwerengero sichingalekanitse zimene mbiri idasakaniza.

Chachiwiri ndi tanthauzo la kupambana. M'bukuli gulu lapambana ngati lapeza chimene linkafuna pasanathe chaka kuchokera pachimake cha kulimbana kwake. Olembawo adaonetsadi kuti mayiko amene adasintha popanda zida ndiwo kawirikawiri amakhala ndi demokalase patapita zaka zisanu. Koma zimene zidachitika bukuli litalembedwa zikutichenjeza. Aigupto adachotsa Hosni Mubarak mu Febuluwale 2011, ndipo mu Julaye 2013 asilikali adalandanso boma. A ku Sudan adagwetsa Omar al-Bashir mu Epulo 2019. Mu 2021 asilikali adathamangitsa anthu wamba m'boma, ndipo mu 2023 kudabuka nkhondo. Kugwetsa mtengo ndi ntchito ina, kuzula chitsa ndi inanso.

Chachitatu ndi lamulo lotchuka la 3.5 peresenti, limene Chenoweth adalifalitsa bukuli litatuluka kale: lakuti boma silingapirire ngati anthu okwana gawo limenelo la dziko atuluka kulitsutsa. Ambiri alitenga ngati chithumwa. Koma ku Bahrain mu 2011 anthu adapitirira chiwerengerocho, ndipo ufumu sudagwe, pothandizidwa ndi asilikali ochokera ku Saudi Arabia. Chenoweth mwini adavomera chitsanzochi, ndipo adalembanso kuti kuyambira 2010 zionetsero zamtendere zikupambana mocheperapo kusiyana ndi kale, ngakhale kuti zikuposabe zida kutalitali.

Kwathu kuno tili ndi muyeso wathuwathu. Pa 20 Julaye 2011 anthu adatuluka kudandaula za kusowa kwa mafuta ndi ndalama zakunja. Anthu pafupifupi 20 adaphedwa, ndipo boma silidasunthe. Mu 2019, chitatha chisankho cha pa 21 Meyi, bungwe la HRDC lidatsogolera zionetsero kwa miyezi yambiri. Sitinganame kuti zonse zidali zamtendere. Masitolo adathyoledwa, maofesi adatenthedwa, wapolisi adaphedwa ku Msundwe mu Okutobala, ndipo pambuyo pake amayi ndi atsikana a m'deralo adagwiriridwa, mpaka bwalo lalikulu lidalamula kuti 18 a iwo apatsidwe chipukutamisozi. Njovu zikamamenyana, wovutika ndi udzu.

Nanga chidasintha zinthu n'chiyani? Sudali mwala. Asilikali a dziko lino adasankha kuteteza ochita zionetsero m'malo mowabalalitsa. Oweruza asanu adamva madandaulo a Lazarus Chakwera ndi Saulos Chilima, adaona mapepala ofufutidwa ndi Tipp-Ex, ndipo pa 3 Febuluwale 2020 adathetsa chisankhocho. Bwalo la apilo lidagwirizana nawo, ndipo pa 23 Juni anthu adavotanso. Apa bukuli lanena zoona: kusintha kumadza pamene mizati ya boma ikana kusenza chinyengo. Koma likuchepetsa gawo la mabungwe amene ayenera kukhalapo khamu lisanatuluke. Pakadapanda bwalo lodziimira palokha, mkwiyo wa pamsewu ukadasowa khomo lolowera. Chomwechonso mu 1992 ndi 1993: kalata ya maepiskopo, kunyanyala kwa ogwira ntchito ndi zokambirana za bungwe la PAC, momwe Akhristu ndi Asilamu adakhalira pamodzi, ndizo zidatifikitsa ku riferendamu ya pa 14 Juni 1993.

Chigamulo chathu n'chakuti Chenoweth ndi Stephan apambana pa mfundo yaikulu: amene amati zida ndizo njira yachidule alibe umboni. Koma mnyamata amene akuganiza zotuluka mawa asamve kuti kungosiya mwala pansi kwakwanira. Afunse amene akumuitanawo kuti akufuna chiyani kwenikweni, akopa bwanji wapolisi ndi kalaliki wa boma kuti aime nawo, ndipo wolamulirayo akachoka, mpandowo ausunga ndani.